Yambani ndi ya telala ndi mwana wa mfumu

Achemwali, filimu yakale ya chikondi cha mmphawi ndi wolemera yomwe mungayambire ndi Love Me Tonight ya 1932, imene anaitsogolera Rouben Mamoulian ku kampani ya Paramount.

Maurice Chevalier akusewera ngati telala wa ku Paris amene wasokera masuti bwana wina wa banja lachifumu, koma ndalama osaiona. Atatopa kudikira, akumulondola kwawo, ndipo bwanayo poopa manyazi akunamiza abale ake kuti mlendoyu ndi wachifumunso. Pa ulendo womwewo telala akugwa m'chikondi ndi Jeanette MacDonald, mwana wamkazi wa pabanjapo. Chomuulula ndi manja ake omwe: akuona chovala chokwerera hatchi chosokedwa mokhota, mtima ukukana, akuchikonza yekha. Ine ndinaseka mpaka misozi pamenepo, poti malume anga anali telala wa pakhonde, ndipo ankayang'anitsitsa misoko ya majekete a anthu ngakhale pamaliro.

Musadumphe mphindi zoyambirira. Mzinda ukudzuka, tsache likusesa, osoka nsapato akukhoma misomali, phokoso lonselo n'kusanduka nyimbo. Apa n'kuti patangopita zaka 5 chitulukireni The Jazz Singer ya 1927, filimu yayitali yoyamba yomveka anthu akulankhula, choncho mawu m'filimu anali chinthu chachilendo. Chingerezi cha Chevalier chimapendekera ku Chifalansa, ndiye yatsani mawu olembedwa m'munsi aja.

Zoti muionetse kuholo n'kumalipiritsa anthu pakhomo, musathamangire. Kukalamba kwa filimu sikutanthauza kuti ilibe mwini. Yambani mwafunsa a COSOMA, bungwe loona za umwini wa zaluso ku Malawi, kapena loya wodziwa za umwini wa zaluso.