Mwana wanga akulemba za dziko lolemekeza mikangano: kodi ndimuletse?

FUNSO

Ndine mayi wa ana anayi, ndimakhala ku Mufakose muno mu Harare, ndipo makolo anga anachokera ku Dedza m'nthawi ya chitaganya. Mwana wanga wamwamuna wa zaka 19 wakhala akulemba pa kompyuta nthano yaitali ya dziko longopeka, limene anthu ake amatsata chiphunzitso chomwe iye wachitcha kuti Njira ya Mng'alu. Anthu a m'dzikolo amati mgwirizano uli ngati madzi a pachithaphwi, amene amanunkha chifukwa sayenda, ndipo amakhulupirira kuti moyo umabadwa m'mikangano, kotero kuti mfumu ikagamula mlandu anthu onse n'kuvomereza, iwo amati mudzi wadwala. Ine ndinaleredwa ndi mawu akuti mutu umodzi susenza denga, komanso ndimayimba kwaya ku CCAP. Kodi mwanayu wayamba kusochera? Ndimuletse?

Mayi wodera nkhawa, Mufakose

YANKHO

Mayi, musamuletse, ndipo mtima ukhale m'malo. Munthu amene wapeka chiphunzitso n'kuchiika m'kamwa mwa anthu a m'nthano sikuti walumbira kuchitsata, monganso agogo athu sankatiphunzitsa kuba pamene ankatisimbira za Kalulu. Komabe funso lanu silopepuka, chifukwa maganizo amene mwana wanu wawakhudza ndi akale kwambiri ndipo muli choona ndi bodza zosakanikirana.

Zaka pafupifupi 500 Khristu asanabadwe, mumzinda wa Ephesus, womwe mabwinja ake ali m'dziko la Turkey lero, munali munthu woganiza mozama dzina lake Heraclitus, amene ankaphunzitsa kuti nkhondo ndi tate wa zinthu zonse. Iye ankapereka chitsanzo cha uta ndi zeze, zimene zimagwira ntchito pokhapokha chingwe ndi mtengo zikamakokana; mukamasula chingwecho, zeze salira ndipo uta suponya muvi. Agiriki omwewo anali ndi mulungu wamkazi wa mikangano wotchedwa Eris, yemwe m'nthano zawo anaponya chipatso cha apulo chagolide paukwati umene sanaitanidweko, chitalembedwa kuti n'cha wokongola koposa, ndipo mkangano wa milungu itatu yaikazi yolimbirana chipatsocho ndiwo unautsa nkhondo ya ku Troy. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1950, anyamata awiri a ku California, Greg Hill ndi Kerry Thornley, anapekanso chipembedzo cha nthabwala chopembedza Eris yemweyo. Choncho mwana wanu waponda m'njira imene ena anadutsamo kale, kaya akudziwa kapena ayi.

Chimene ndikufuna mugwiritsitse ndi chimene mlakatuli wina wa Chigiriki, Hesiod, ananena zaka mazana awiri Heraclitus asanakhaleko: kuti a Eris alipo awiri. Wina ndi woipa, wobweretsa nkhondo ndi kukhetsa magazi, pamene winayo ndi amene amadzutsa mlesi kuti akalime ataona munda wa mnzake, ndiponso amachititsa woumba mbiya kupikisana ndi woumba mnzake. Vuto la chiphunzitso chilichonse chokweza mikangano pamwamba pa mtendere lili pomwepa, chifukwa chimatenga ubwino wa Eris wachiwiri n'kuphimbira nawo zoipa za woyamba uja.

Ife Achewa sitinakhalepo anthu oopa kutsutsana, ngakhale kuti nthawi zina timadziyesa otero. Pabwalo la milandu, mfumu simagamula nduna ndi eni mlandu asanakokanekokane mpaka dzuwa kupendeka. Asuweni amanyozana pamaso pa anthu popanda wokwiya, ndipo nthawi zambiri choona chimene aliyense akuopa kunena chimatulukira m'nthabwala zawozo. Gule Wamkulu, amene anzathu Achishona kuno amamutcha zvigure, ndipo bungwe la UNESCO linamulemekeza mu 2005, ali ndi zilombo zimene ntchito yake ndi kuseka wodzikuza, waulesi ndi wachiwerewere pabwalo, anthu onse akuona. Ndipo inu amene mwakhala mu Harare mwaonapo sahwira, yemwe ndi bwenzi lapamtima la banja pa mwambo wa Achishona, ali pamaliro, akuvala zovala za malemu, kutsanzira mayendedwe ake, n'kuulula zimene abale ake akanakonda kuti zikwiriridwe limodzi ndi bokosi. Zonsezi ndi ming'alu imene makolo anaisiya dala m'khoma kuti utsi uzitulukirapo. Ngakhale mpingo wa Katolika, kuyambira mu 1587, unali ndi munthu amene udindo wake unali kutsutsa mwadala aliyense wofuna kulengezedwa kukhala woyera, kuti pasapezeke wolowa m'gululo chifukwa choti anthu anachita manyazi kufunsa. M'Baibulo lanu lomwelo, Paulo akusimba m'kalata yake kwa Agalatiya mmene anatsutsira Petro pamaso pake ku Antiokeya.

Pamenepa mwana wanu waona chinthu chenicheni, ndipo ndikunena izi ndi mtima wonse: si bata lililonse limene lili mtendere. Pali mabanja amene mlendo amawayamikira kuti mulibe phokoso, chonsecho mkazi anasiya kuyankhula chifukwa cha mantha. Pali mabungwe a maliro momwe aliyense amaomba m'manja pamsonkhano, koma palibe wolimba mtima kufunsa msungichuma kuti aonetse buku la zopereka, mpaka tsiku limene maliro agwa n'kupezeka kuti ndalama yogulira bokosi palibe. Mudzi wotere ndi wodwaladi, monga anthu a m'nthano yake akunenera.

Koma taonani kuti m'zitsanzo zonsezi mkangano uli ndi kumene ukulowera. Sahwira akatha kunyoza amakagwira ntchito kumanda, ndipo bwalo likatha, olimbana aja amadyera mbale imodzi. Njira ya Mng'alu ikamati mkangano ndiwo cholinga, osati njira, ikulonjeza dziko limene silingaime ngakhale nyengo imodzi ya mvula, pakuti ngakhale anthu okangana amayenera kugwirizana kaye pa chiyankhulo chimene akukanganiramo, pa malo okumanirana, ndiponso pa lamulo loti wogonja asaphedwe. Ndipo zinthu zikasokonekera kotheratu, wamphamvu ndiye amapindula, pamene mwana wamasiye ndi nkhalamba ndiwo amayamba kugona ndi njala.

Choncho m'malo momulanda kompyuta, mupempheni kuti akuwerengereni mutu umodzi madzulo ena mukatha kudya, kenako mumufunse monga mmene mungafunsire munthu wobwera kuchokera kudziko lachilendo. Kodi m'dziko lakolo munthu akamwalira, amakumba manda ndani? Mayi akamabereka, kodi azamba amayamba atsutsana kaye? Nanga mwana wa kumeneko akati iye akufuna mtendere, motsutsana ndi akuluakulu onse, amamulanga kapena amamutama chifukwa chotsutsa? Funso lomalizali limugwira nthawi yaitali, ndipo nthano yake idzakoma chifukwa cha ilo.

Chimene muyenera kuyang'anitsitsa si zimene akulemba koma mmene akukhalira. Ngati wayamba kudanitsa abale ake, kusangalala anzake akamamenyana, kapena kudzipatula osadya ndi anthu, itanani amalume ake kapena mkulu wa mpingo amene iye amamukhulupirira kuti akhale naye pansi. Koma ngati akupitabe kukakuthandizani kunyamula katundu kumsika wa Mbare Musika, n'kubwerera kudzalemba usiku, mufunseninso ngati pali chimene amalakalaka atanena pakhomo panu chimene mpaka lero sanapeze mpata wochinena.