Kodi “Tomorrow” ya Silverchair ndi “Mawa” kapena “M'mawa”?

Wowerenga wina, yemwe akuti amakonda nyimbo za rock zakale, wanditumizira chiganizo chimene akufuna kuika m'nkhani yake. Walemba kuti: “Gulu la Silverchair anatulutsa hit single yawo yoyamba yotchedwa M'mawa mu 1994.” Akufunsa ngati ndi Chichewa cholondola, makamaka mmene angatchulire hit single ndi alternative rock.

Achimwene, mwachita bwino kufunsa musanaitulutse nkhaniyo. Mawu achingelezi amene mukudandaula nawowo si amene andidetsa nkhawa kwambiri. Chandigwira mtima ndi dzina la nyimbo.

Nyimboyo ndi “Tomorrow”, ndipo tanthauzo lake ndi mawa, tsiku lotsatira lero. M'mawa ndi chinthu china: ndi nthawi ya tsiku, dzuwa likangotuluka, amayi akusesa pabwalo, ketulo ili pamoto. N'chifukwa chake timatha kunena kuti “ndibwera mawa m'mawa” kapena “ndibwera mawa madzulo”, koma “ndibwera m'mawa madzulo” n'zosamveka. Onani mmene masiku amandandalikira: dzana, dzulo, lero, mawa, mkuja. M'mawa mulibemo m'ndandanda umenewu. Anzake a m'mawa ndi m'bandakucha, masana, madzulo ndi usiku.

Ndikudziwa kumene chisokonezochi chimachokera. Pofotokoza nkhani yakale timati “m'mawa mwake ananyamuka”, ndipo nthawi zambiri timangotanthauza tsiku lotsatira. Komanso polankhula mofulumira, m' wakumayambiriroyo amamezeka. Koma polemba, kachilembo kamodziko kamasintha nthawi ya pangano. Mayi akalembera mwana wake uthenga pafoni usiku kuti “ubwere m'mawa”, mwanayo akafika 3 koloko masana walakwa. Akalemba kuti “ubwere mawa”, sanalakwe. Ena amalemba maŵa ndi m'maŵa, monga mmene amalembera Malaŵi. Palibe vuto, bola musankhe kalembedwe kamodzi m'nkhani yonse.

Komabe dzinalo musalitembenuze n'komwe. Dzina la nyimbo lili ngati dzina la munthu: wowerenga akafuna kuimvetsera, akaifufuza pa intaneti ndi dzina lake lenileni. Lembani “Tomorrow”, kenako mufotokoze kamodzi kuti mawuwa amatanthauza mawa. Chimodzimodzi Silverchair, Frogstomp (chimbale chawo choyamba) ndi Newcastle, mzinda wa m'chigawo cha New South Wales ku Australia kumene anyamata a gululi anakulira. Zisiyeni momwemo.

Tibwere pa “gulu anatulutsa”. Gulu limayenda ndi li: gulu linatulutsa nyimbo yake. Mukafuna anthuwo amveke, nenani kuti “anyamata a Silverchair anatulutsa nyimbo yawo”, kapena “a Silverchair anatulutsa”, monga timachitira ndi matimu a mpira. Njira zonsezi n'zabwino. Cholakwika ndi kuyamba chiganizo ndi gulu n'kuchimaliza ndi anthu. Bandi nalonso ndi liwu lathu tsopano, ndipo limatenga i: bandi inatulutsa.

Single ndi liwu limene oimba ndi oulutsa mawu pawailesi amalitchula momwemo, ndipo sindikuletsani kulilemba. Koma ganizirani agogo anu akuwerenga. Chimbale amachidziwa, chifukwa liwuli linabadwa nthawi ya malekodi ozungulira ooneka ngati mbale, ndipo lakhalabe mpaka pano pamene nyimbo zili m'mafoni. Single ndi nyimbo yotulutsidwa payokha, kawirikawiri chimbale chisanatuluke, kuti ikatsegule njira. Ndi mmene zinayendera kwa Silverchair: “Tomorrow” inatuluka mu September 1994 kudzera ku kampani ya Murmur, nthambi ya Sony, ndipo chimbale cha Frogstomp chinatsatira mu March 1995. Musalembe kuti “nyimbo imodzi”, chifukwa wowerenga aganiza kuti mukuwerenga nyimbo. Ndiponso CD yoyambayo inali ndi nyimbo zinayi, “Tomorrow” n'kukhala yotsogolera.

Pa hit ndiye Chichewa sichisowa mawu. Timati nyimbo yatchuka, yawanda, ili m'kamwam'kamwa. Achinyamata amati yavuta, ndipo liwu limenelo ndimalikonda chifukwa limakupatsa chithunzi cha nyimbo imene ukuimva m'minibasi, pagolosale, kwa ometa tsitsi, osaithawa. Koma n'lapamacheza, m'nkhani yolembedwa mwaulemu gwiritsani ntchito kutchuka. Chimene ndimapempha olemba athu n'chakuti asamangoti “inatchuka kwambiri” n'kusiyira pomwepo. Onetsani kutchukako. Nyimboyi inakhala pa nambala 1 kwa masabata 6 pa mndandanda wa ARIA, umene unkaonetsa nyimbo zogulidwa kwambiri ku Australia. Mu 1995 inafikanso pa nambala 1 pa mndandanda wa Billboard wa nyimbo za modern rock ku America, ndipo chaka chomwecho inapata mphoto ya ARIA ya single yopambana. Wowerenga akamva zimenezi, liwu loti hit salifunanso.

Alternative rock isiyeni choncho. Ndaonapo wina atalemba kuti “rock yosinthanitsa”, ndipo palibe amene akanadziwa chimene akunena. Mayina a mitundu ya nyimbo sawoloka bwino: mzungu akamalemba za manganje kapena vimbuza amasunga dzinalo n'kufotokoza. Nafenso titero. Tinganene kuti ndi rock imene inakulira kunja kwa mawailesi akuluakulu a malonda, ya magitala aukali ndi mawu odandaula, imene magulu a ku Seattle monga Nirvana ndi Pearl Jam anaifikitsa kwa anthu ambiri kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990. Ambiri atamva Silverchair koyamba anaifanizira ndi magulu amenewo.

Pali liwu lina limene simunafunse koma mulifuna: achisodzera. Anyamata atatu a Silverchair, Daniel Johns, Ben Gillies ndi Chris Joannou, anali ndi zaka 14 ndi 15 pamene nyimboyi inkatuluka, akadali pasukulu. Poyamba ankadzitcha Innocent Criminals, ndipo mwayi wawo unabwera atapambana mpikisano wotchedwa Pick Me, wa pulogalamu ya Nomad pa kanema wa SBS mogwirizana ndi wailesi ya Triple J. Mukati “ana”, wowerenga aona tiana ta ku pulayimale. Mukati “achinyamata”, aganiza za munthu wa zaka 25. “Anyamata achisodzera” ndiye akugunda penipeni.

Samalaninso ndi kuimba, chifukwa kwa ife munthu amaimba nyimbo, amaimba gitala, amaimba ng'oma, amaimbanso foni. Mukangoti “Johns ankaimba”, simunanene zokwanira. Nenani kuti ndiye ankatsogolera nyimbo uku akuliza gitala, Gillies anali pa ng'oma, Joannou pa bezi gitala.

Ine chiganizo chanu ndingachilembe motere: “Mu September 1994, anyamata atatu achisodzera a gulu la Silverchair, a ku Newcastle m'dziko la Australia, anatulutsa nyimbo yawo yoyamba yotchedwa ‘Tomorrow’, kutanthauza kuti mawa, ndipo inakhala pa nambala 1 m'dzikolo kwa masabata 6.” Ngati kwanu mumati adatulutsa ndi idakhala, lembani choncho, koma musasakanize “na” ndi “da” m'ndime imodzi.