Kodi "chigwa cha Shire" chimayambira pati?

Mphunzitsi wina watilembera kuti: "Ndikuphunzitsa za mtsinje wa Shire pamodzi ndi dera lonse lomwe madzi ake amakathera mumtsinjewu. Kodi deralo ndingalitche chigwa cha Shire?"

Aphunzitsi, mukatero ana akumvani molakwika. Mmalawi akamva zoti chigwa cha Shire, maganizo ake amathamangira ku Chikwawa ndi ku Nsanje, kotentha kuja, komwe munthu amafika akatsetsereka mapiri kuchokera ku Blantyre. Ndipo sakulakwa, pakuti chigwa ndi malo otsika, ozingidwa ndi zitunda. Dera lomwe inu mukunena lili ndi mapiri omwe. Mvula yogwa kumwera kwa phiri la Mulanje imatsika ndi Ruo n'kukalowa mu Shire ku Chiromo. Ya ku Ntcheu imabwera ndi Rivirivi, ya ku Neno ndi Lisungwi. Nanga Mulanje n'kukhala chigwa? Nenani kuti "dera lothira madzi mu Shire". Mawuwo ndi aatali ndithu, koma mwana sangasochere nawo. Ena amafuna tipeke liwu limodzi lachidule. Ine sindiona chifukwa chopekera pamene mneni "kuthira" alipo kale ndipo aliyense amamudziwa.

Wina akufunsa ngati n'koyenera kulemba kuti gwero la Shire ndi nyanja ya Malawi.

Palibe angakudzudzuleni, poti gwero ndi pomwe chinthu chayambira. Komabe pakamwa pa anthu mumamveka "kutuluka": Shire amatuluka m'nyanja ku Mangochi. Mneniyu ali ndi ntchito yake. Bua, Dwangwa, Linthipe ndi Songwe amathira m'nyanja, pomwe wotulutsa madzi m'nyanjamo ndi Shire yekha. Akatuluka amadzera m'nyanja ya Malombe, n'kuyenda mtunda wa makilomita pafupifupi 400 mpaka kukathira mu Zambezi ku Mozambique. Mukasinthanitsa aneni awiriwa, mwautembenuza mtsinje kuti uziyenda chokwera. Kutulukako sikuti n'kwamuyaya: pakati pa 1915 ndi 1935 nyanja inaphwera kwambiri, mchenga unatseka potulukira, ndipo madzi a m'nyanja analeka kutsika ndi Shire.

Funso lachitatu ndi lomwe landikondweretsa: "Pa wailesi amati magetsi azima chifukwa cha zinyalala mu Shire. Ena amati nthaka yakokolola, ena yakokoloka. Cholondola n'chiti?"

Tiyambe ndi aneniwo. Kukokolola kumafuna wochita ndi chochitidwa: madzi akokolola nthaka. Kukokoloka n'kwa chinthu chomwe zachigwera: nthaka yakokoloka. Ndi mmene zilili ndi kugumula ndi kugumuka, kapena kuzula ndi kuzuka. Wonena kuti "nthaka yakokolola" watisiya m'malere, tikudikira kumva chomwe nthakayo yakokolola.

Liwu loti zinyalala likubisa zinthu ziwiri zosiyana. Choyamba ndi matope ndi mchenga. Mitengo ikatha m'mapiri chifukwa cha makala ndi kulima m'malo otsetsereka, nthaka imakokolokera m'timitsinje n'kukaunjikana m'madamu a ku Nkula, Tedzani ndi Kapichira, pomwe pali makina opangira magetsi ambiri a dziko lino. Makinawo anaikidwa kumeneko chifukwa pakati pa Kholombidzo ndi Kapichira mtsinje umatsika kwambiri m'mathithi. Chachiwiri ndi zomera zoyandama, makamaka namasupuni, yemwe kwawo ndi ku South America. Namasupuni si chinyalala chotayidwa ndi munthu. Ndi chomera chamoyo, chimaswana msanga m'madzi odekha okhala ndi chonde chokokoloka m'minda, ndipo n'chifukwa chake amachitchera ndi kuchivuula ku Liwonde, pafupi ndi chotchingira madzi cha Kamuzu Barrage chomwe chinamangidwa mu 1965. Mtolankhani akati "zinyalala", womvera amaganiza za mapepala ndi mabotolo, osadziwa kuti nkhani yagona pa munda wake wa m'phiri.

Pomaliza, amene munafunsa kuti Elephant Marsh, dera lamadzi la m'chigwa cha Shire, tizilitcha chiyani: ndi dambo, osati nyanja kapena dziwe. Dziwe ndi malo akuya pamtsinje pomwe madzi amadekha. Koma ku Elephant Marsh, Shire amamwazika m'mabango ndi m'gumbwa, dambolo n'kumakula kapena kuchepa malinga ndi mvula ya chaka chimenecho. Mu 2017 linalowa m'kaundula wa Ramsar wa madambo ofunika padziko lonse, makamaka chifukwa cha mbalame za m'madzi zomwe zimakhala kumeneko.