N'chifukwa chiyani anthu sakuisiya Falcon 4.0 ya 1998?

Owerenga ena atumiza imelo yofunsa kuti: "Magemu a ndege zankhondo a lero ali ndi zithunzi zokongola kwambiri. Nanga bwanji anthu akukakamirabe Falcon 4.0? Ine ndiyambire pati?"

Funso lanu likukhudza mmene magemuwa anakulira. F-15 Strike Eagle ya MicroProse, ya 1984, inali yongouluka n'kuwombera basi. Falcon 3.0 ya 1991 inayamba kuwerengera mozama kayendedwe ka ndege ya F-16 mumphepo, moti kuti muone zimenezo kompyuta inkafunika chipu yapadera yamasamu. Ku Moscow, kampani ya Eagle Dynamics inatulutsa gemu ya Su-27 Flanker mu 1995, ndipo mzere umenewo ndi umene unadzabala gemu ya DCS (Digital Combat Simulator), momwe ndege ngati A-10C mumailiza podina maswitchi limodzilimodzi.

Koma chimene Falcon 4.0 inachita n'chapadera. Nkhondo yake yongopeka ya ku Korea imayenda yokha, kaya inu muli m'mwamba kaya ayi. Kompyuta imayendetsa akasinja, imakonza maulendo a ndege zonse, imawerenganso zida zotsala. Mukaphonya mlatho lero, adani awolokerapo mawa. Mukaphwanya radar, anzanu obwera pambuyo adutsa bwino. Zimenezi ndi zomwe zimampatsa munthu mantha enieni poulukamo, ndipo kwa ine zimaposa kukongola kwa mitambo. Gemuyi inatuluka ndi zolakwika zambiri, koma code yake (malemba a pulogalamu amene anapangira gemuyi) itawukhira pa intaneti mu 2000, okonda ndege anayamba kuikonza okha. Ntchito imeneyo ikupitirira mu Falcon BMS, yomwe ndi yaulere, bola mukhale ndi Falcon 4.0 yogula pa Steam kapena GOG.

Poyambira, ngati kompyuta yanu ndi yofooka, tengani BMS. DCS World ndi yaulere ndipo imabwera ndi ndege za Su-25T ndi TF-51D, koma imafuna SSD, RAM yosachepera 16 GB, komanso malo opitirira 100 GB, choncho ganizirani bandulo musanadawunilode.

Kiyibodi yokha sikwanira, pezani joystick. Vuto limene limagwetsa oyamba ambiri mu DCS ndi ili: mukalumikiza joystick ndi throttle (chogwirira chowonjezera kapena kuchepetsa mphamvu ya injini), gemu imapatsa zipangizo zonse ziwiri ntchito imodzi yokhotetsa ndege, ndiye ndege imapendekeka yokha. Lowani mu Axis Commands, pa zosintha za Controls, fufutani pitch (kukweza kapena kutsitsa mphuno ya ndege) ndi roll (kuipendeketsa) pa throttle, musiye pa joystick pokha. Ikamanjenjemerabe, ikani deadzone (kampata kapakati komwe gemu simva kugwedezeka kwa joystick) ya 2 kapena 3. Poyang'ana uku ndi uku, pulogalamu yaulere ya opentrack ndi webcam zimagwira ntchito ya TrackIR, chipangizo chogula chotsata kayendedwe ka mutu wanu.