Kodi chinthu chosapachikika pakhoma n'luso?

Achemwali ena a ku Zomba andilembera imelo. Akufuna kusiya penti n'kuyamba kupanga timakanema tatifupi komanso kuyala zinthu m'chipinda kuti anthu azilowamo n'kumaona. Bambo awo akuti amenewo ndi masanje, adzadya chiyani? Ndiye akundifunsa ngati apitirize.

Achemwali, mwandigunda pachilonda. Ine ndatha zaka ndikujambula asodzi m'bwato dzuwa likulowa, amayi atasenza mtsuko, mlambe, njovu, mlambe winanso. Ndinkapita nazo kunyanja kukadikira alendo, ndipo lendi inkalipirika ndithu. Tsiku lina mlendo anandiuza kuti ndifufute foni yomwe ndinaika m'manja mwa msodzi, akuti ikuipitsa chithunzi. Msodziyo ndinkamudziwa, nsomba zake ankatsatsa pafoni yomweyo. Ndinafufuta, ndalama n'kulandira, koma burashi ndinaitaya kwa nthawi yaitali. Msika umenewu umafuna Malawi wa m'mutu mwa mlendo, wopanda kabaza, wopanda mizere ya mafuta, ndipo watisandutsa ojambula ambiri makina osindikiza chithunzi chimodzimodzi.

Bambo anu sindikuwanyoza. Mwina anamva za Maurizio Cattelan, mmisiri wa ku Italy, amene mu 2019 anamata nthochi pakhoma ndi tepi ku Miami n'kuigulitsa madola 120,000, ndipo mu 2024 ntchito yomweyo inagulidwa madola 6.2 miliyoni ku New York. Imeneyo ine ndimati ndi juga ya anthu okhuta, sindiikira kumbuyo. Koma mukawauzekonso za Samson Kambalu, amene anaphunzira ku Chancellor College kwanu komweko. Mu 2000 anamata masamba a Baibulo pa mpira n'kusiyira anthu kuti aziumenya. Taganizani, m'dziko lopemphera ngati lino, phazi lili m'mwamba mtima ukukana. Penti iti ingamuchititse munthu zimenezo? Timakanema take ta Nyau Cinema tinaonetsedwa ku Venice Biennale, chionetsero chachikulu cha zaluso ku Italy, mu 2015. Mu 2022 chifanizo chake cha John Chilembwe chinaimikidwa pa Trafalgar Square ku London, Chilembwe atavala chipewa pafupi ndi mzungu John Chorley, zomwe atsamunda ankaletsa, ndiponso atam'posa mzunguyo kutalika.

Ndipo amene amati zimenezi n'zachilendo amanditopetsa. Kasiyamaliro amalukidwa ndi makoko a chimanga kudambwe, ntchito ya masiku, amavina, mwambo ukatha amatenthedwa. Palibe amafunsa kuti timupachika pati kapena tigulitsa zingati. UNESCO, nthambi ya United Nations yoona za maphunziro ndi chikhalidwe, inalemekeza Gule Wamkulu mu 2005, koma kumudzi sankadikira chikalata kuti adziwe kulemera kwake. Apa ndiwonjezere zondikwiyitsa: achinyamata ena m'tauni, osagula njira n'komwe, akumavala chigoba m'holo ya zionetsero pofuna thandizo la ndalama la kunja. Kumeneko n'kugulitsanso mlambe uja, kungosintha katundu. Gule ali ndi eni ake. Ngati muli ndi nkhani, ifuneni pomwe mukukhala: zigubu zodikira pamjigo, mapepala a feteleza, malisiti a kuchipatala, phokoso la majenereta magetsi akazima.

Nanga mutani?

Pitirizani, koma penti musaisiyiretu, ikhale yogulira ufa. Ogula zoterezi kuno ndi ochepa kwambiri, ndalama zake zimabwera kudzera m'mipikisano ndi mabungwe oitana amisiri kukagwira ntchito kwa kanthawi, ndipo onsewo amayamba kufunsa zithunzi za ntchito zomwe munapanga kale. Choncho chilichonse mungayale, chijambuleni bwino pafoni musanachiphwasule, mulembe tsiku, malo ndi zipangizo. Chipinda pemphani sitolo yopanda munthu kapena kalasi pa holide. Bambo anuwo muwapemphe adzakuthandizeni kukhoma misomali, asadzangobwera tsiku lotsegulira ngati mlendo.