Za madzi a Thames amene amakwera ndi kutsika

Achimwene, mwafunsa kuti zatheka bwanji kuti m'mawa munaona matope ndi miyala m'mphepete mwa mtsinje wa Thames ku London, koma masana madzi anali atadzaza mpaka kukhoma. Si mvula ayi. Ndi madzi a m'nyanja yamchere amene amalowa mumtsinjemo kawiri pa tsiku, chifukwa mwezi umawakoka, dzuwa nalo n'kuthandizirako. Madzi akadzaza, amadzazanso pakatha maola 12 ndi mphindi 25, choncho mawa lake nthawiyo imachedwerako ndi mphindi pafupifupi 50.

Mwezi ukakhala wathunthu kapena ukakhala mumdima, ndiye zimanyanya: pa London Bridge madzi amakwera mamita pafupifupi 7. Mtsinjewu ndi wotakata kunyanja koma umapanikizika ukamapita kumtunda, ndiye madzi amasowa kolowera, amangounjikana. Amakathera pa Teddington, kumtunda kwa mtsinjewu, pomwe pali chotchinga madzi. Ku Severn, mtsinje wina wa ku Britain komweko, ndiye musanene, amafika mamita 14.

Ife okulira kunyanja ya Malawi zimatidabwitsa ndithu, kwathu madzi amasintha ndi nyengo basi. Mukatsikira pamatopepo muziyang'ana masitepe amene mwatsikira, pobwerera madziwo amayamba kumiza a m'munsi, ndipo amaterera ndi ndere.