Munawina mlandu koma ndalama sizikuoneka: yankho kwa mayi a ku Ndirande

Mayi wina wa ku Ndirande wanditumizira imelo. Anakongoza munthu simenti ndi malata, munthuyo osalipira, nkhani nʼkukathera kwa majisitireti kuno ku Blantyre. Mayiwo anawina. Papita miyezi 8, ngakhale tambala sanalandire. Pano wangongoleyo wakatsegula mlandu wina kukhothi lina, akuti katunduyo anali wowonongeka. Funso lawo ndi lakuti, kodi mlandu uyambiranso?

Mayi, mtima ukhale mʼmalo. Khothi likamva mbali zonse ziwiri nʼkugamula, anthu omwewo sangazengenso nkhani yomweyo, kaya kukhothi lomwelo kaya lina. Maloya amati res judicata, ndiye kuti nkhani yogamulidwa kale. Lamuloli limatsekanso zifukwa zimene munthu akanatha kunena pa mlandu woyamba koma sananene. Ngati malatawo anali obooka, nthawi yonenera inali ija munali nonse pamaso pa majisitireti. Komabe musakhale pakhomo poganiza kuti khothi lachiwiri lidziwa lokha. Samani, kalata yokuitanani kukhothi, ikabwera, yankhani, mupite ndi kope ya chigamulo chija ndi nambala ya mlandu, munene kuti nkhaniyi inatha. Mukapanda kupita, angathe kukugamulani kumbali.

Amene sanakhutire ndi chigamulo njira yake ndi apilo. Kuchoka kwa majisitireti amapita ku High Court ku Chichiri, kuchoka apo ku Supreme Court of Appeal, ndipo nthawi yochitira apilo ndi yowerengeka. Chimene ambiri sadziwa nʼchakuti apilo payokha siimitsa chigamulo. Wochita apiloyo ayenera kupempha padera kuti chigamulo chiyambe chaima, ndipo khothi likhoza kukana. Tinaziona mu 2020. Pa 3 February majaji anafafaniza chisankho cha pulezidenti cha 2019, a Peter Mutharika ndi bungwe loyendetsa zisankho la MEC anapempha kuti chigamulocho chiimitsidwe, khothi linakana. Pa 8 May khothi la Supreme Court of Appeal linagwirizana ndi chigamulo chija, ndipo pa 23 June tinakavotanso.

Pali khomo limodzi limene ndiyenera kulitchula. Munthu amene anagamulidwa iye kulibe chifukwa samani sinamufike akhoza kupempha kuti chigamulo chichotsedwe. Inu mwalemba kuti bamboyo analipo ndipo analankhula, choncho khomo limeneli nʼlotseka.

Tsono za ndalamazo, ndipo apa mpamene pamandiwawa. Anthu ambiri amatuluka mʼkhothi akululutira, nʼkukakhala kunyumba kudikira kuti khothi liwabweretsera ndalama. Khothi silitsatira wangongole lokha. Wowina ndi amene amabwerera kwa akalaliki a khothi kukapempha chilolezo choti chigamulo chigwire ntchito. Chikatuluka, masherifu amapita kukalanda katundu wa wangongoleyo nʼkumugulitsa pa okushoni. Ngati ali pantchito, khothi likhoza kulamula kuti azidulidwa pamalipiro. Ngati ali ndi ndalama kubanki, likhoza kulamula bankiyo kuti ikupatseni. Akhozanso kuitanidwa kuti akafotokoze chuma chake, nʼkuuzidwa zoti azibweza mwezi ndi mwezi.

Masherifu sachita ula ayi. Amafuna inu muwauze kumene munthuyo amakhala, nambala ya galimoto yake, kumene kuli shopu yake. Onetsetsani kuti katunduyo ndi wakedi, chifukwa akalanda firiji ya mlamu wake, mlamuyo adzadandaula ndipo nkhani idzachedwa. Pamakhalanso kolipira, funsani mtengo wake ndipo mulandire lisiti pa ndalama iliyonse.

Mwati achimwene anu akufuna kutenga anyamata akanyamule katundu kunyumba kwa bamboyo. Aletseni, chonde. Pepala la chigamulo silikupatsani mphamvu yolowa mʼnyumba ya munthu, ndipo amene angagone kupolisi ndi achimwene anuwo. Ngati ndalama za loya palibe, pitani ku ofesi ya Legal Aid Bureau kuno ku Blantyre sabata ino, mutanyamula chigamulo chija ndi samani yatsopanoyo ngati yafika.